Nyimbo Imene Ndinaitulutsa Kutsimba

Salaam aleikum kwa Asilamu anzanga, ndipo kwa ena nonsenu moni. A madamu andipempha kuti lero ndiyankhule ine, chifukwa m'gulu lathu lino la atsikana obwerera kusukulu ndatsala ndekha amene sindinanene chimene chinandichotsa. Ena munachoka chifukwa cha mimba, ena banja, ena kusowa. Ine ndinachoka chifukwa cha nyimbo. Ndikuona ena mukumwetulira. Palibe kanthu, inenso ndikanakhala pamene mwakhalapo ndikanaseka.

Dzina langa ndine Hawa, kwathu ndi ku Chowe, ndipo Fomu 3 ndikuikhala kachiwiri. Kope ili m'manjali ndi limene ndimalembamo za tsiku ndi tsiku. Pena ndiwerengamo, chifukwa ndikangodalira pakamwa ndikhoza kudzikometsera.

Ndili Fomu 2, pasukulu pano panabwera mayi wina wochokera ku Blantyre, Mayi Chiwaya. Ntchito yawo ndi kulemba masewero a ana. Anayambira pa wailesi kalekale, kenako anapita ku kanema. Pulogalamu ya zidole imene ana amaonera Loweruka m'mawa, mawu ambiri amene zidolezo zimayankhula amachokera m'mutu mwawo. Anatiuza kuti atopa ndi kulemba za ana a m'tauni okhaokha, ndipo akufuna mwana wasukulu wa kuno woti aziwathandiza nkhani. Tinalemba ambiri, anasankha ine.

Ndinalemba za Che Nkhanu, amene tsiku lililonse amalawirira kusukulu, koma poti amayenda chammbali amakapezeka ali kumsika. Mayi Chiwaya anaseka mpaka kuvula magalasi. Kenako anandikhazika pansi pa mtengo wa mango uwo uli kuseri kwa ofesiwo, n'kundiphunzitsa ntchito.

"Kulembera mwana si masewera, Hawa," anatero. "Wamkulu ukamutopetsa amakhalabe chifukwa cha ulemu. Mwana amangonyamuka. Ukalemba, kasonkhanitse ana a Sitandade 1, uwawerengere. Pamene ayambire kutsinana, pamenepo ufufute, ngakhale pakhale pamene iwe ukupakonda. Ndipo sewero lililonse likhale ndi nyimbo. Ikhale yoti mwana akaimva kamodzi apite nayo kumjigo."

Ndinkalemba pamanja, a madamu n'kujambula mapepalawo pafoni yawo n'kutumiza. Masewero atatu anaonetsedwa. Kwathu tinkaonera m'tiyirumu ina pamsika, imene ili ndi kanema wa sola. Amayi anga sadziwa kuwerenga, koma ankabwera n'kuima kumbuyo, ndipo mayina akamadutsa kumapeto ankafunsa woyandikana nawo kuti awalozere langa.

Ndinene za amayi, chifukwa nkhani yonseyi ndi yawo kuposa yanga. Bambo anapita ku Joni ine ndili Sitandade 4. Mafoni anayamba kuchepa mpaka anatheratu. Amayi, Abiti Yusufu, anabadira kutali, ku Chowe anabwera ndi banja, ndiye analibe abale pafupi. Abale amene anawapeza anali amayi a msondo, chinamwali chathu cha atsikana. Chaka chilichonse atsikana akalowa kutsimba, amayi anali mmodzi mwa ophikira anamwali ndi oimba. Amayi omwewo ndi amene ankabwera kudzatipalira munda amayi akadwala, ndi amene anatifolerera nyumba denga litasasuka. Wamkulu wawo, nakanga wathu, kapena kuti namkungwi, anali Abiti Jafali, mayi wa geni ya usipa, wa pakamwa pakuthwa.

Sewero lachinayi ndinalilemba ndili Fomu 3. Nkhani inatheka, ana anaimvetsera osatsinana. Koma nyimbo inakana. Mayi Chiwaya ankafuna zonse pofika Lachisanu, chifukwa ojambula anali atakonzeka kale. Tamvani zimene ndinalemba:

"Lachitatu. Nyimbo sikubwera. Ndayesa zisanu, zonse zikumveka ngati zotsatsa sopo. Ndikalephera atenga wina. Kusukulu kwina kuli ana ambiri anzeru."

Lachinayi ndikutsuka mbale, ndinazindikira kuti ndikung'ung'udza kanyimbo kena. Kanali ka kutsimba. Ndinalowa msondo ndili ndi zaka khumi ndi chimodzi, ndipo pa nyimbo zonse za kumeneko iyi ndi imene inandikanirira m'mutu. Ukaimva ungati ndi ya ana, yosavuta, yokoma. Tanthauzo lake musandifunse. Ndinalakwa kale kamodzi.

Amene munalowako mukudziwa zimene amatiuza tsiku lotuluka, kuti za kuno zimatsala kuno. Ine ndinkadziwa. Sindinaiwale, sindinasokonezeke, palibe anandikakamiza. Ndinangodziuza kuti ndikasintha mawu palibe aizindikire. Ndinaitembenuzira m'Chichewa, n'kulowetsamo Che Nkhanu, koma polandizana ndinasiya m'Chiyao momwemo chifukwa pankakoma. Lachisanu ndinawaimbira Mayi Chiwaya pafoni ya a madamu.

"Koma ndiye yokoma," anatero. "Wapeka wekha?"

"Eya."

Mawu amodzi okhawo. Anafunsa, ndipo ndinayankha choncho.

Loweruka limene anaionetsa, m'tiyirumu munadzaza. Pakhonde panali amayi ogulitsa zitumbuwa, akusuzumira pazenera. Che Nkhanu atangoyamba kuimba, ana anayamba kuwomba m'manja. Pakhonde paja panati zii. Ndinacheuka. Amayi anga anali ataima malo awo a masiku onse, ndipo ndinawaona akukoka mpango kuphimba kumaso, n'kutuluka chobwerera m'mbuyo ngati munthu wochoka pamanda.

Mayi Chiwaya sananame, nyimbo yabwino imapitadi kumjigo. Pofika masana tiana ta zaka zisanu tinali tikuimba pamzere wa zidebe. Anyamata a njinga za kabaza anaitola, ndipo poona mmene amayi akuthawira ataimva, anazindikira kuti muli kanthu, n'kumaiimba dala mkazi aliyense akamadutsa. Wina anali ataijambula pafoni. Sabata isanathe inali paliponse.

Amayi sanandimenye. Ndikanakonda akanandimenya. Anandipeza kuseri kwa nyumba, n'kundifunsa funso limodzi.

"Sanakuuze?"

"Anandiuza."

Anatembenuka n'kulowa m'nyumba. Kuyambira pamenepo sanandiyankhulenso.

Amayi a msondo anakumana kwa Abiti Jafali. Anatumiza uthenga kuti Abiti Yusufu asadzapondenso kutsimba, poti walera mwana wopanda chifuwa. Palibe anatukwana, palibe anabwera kudzalalata. Anangosiya. Kukakhala sadaka, amayi sankaitanidwa kukaphika. Pamaliro ena ndinaona ndi maso angawa amayi akukhala pamphasa, ndipo amene anali pamphasapo anadzuka mmodzimmodzi, wina ngati akukamwa madzi, wina ngati waitanidwa, mpaka amayi anatsala okha pakati pa mphasa yaikulu.

Ku Blantyre nako uthenga unafika. Mayi Chiwaya anaimba, a madamu anandiitana mu ofesi.

"Ndinakufunsa, Hawa."

"Munandifunsa."

"Zaka zonse ndalembera ana, andinenapo kuti nkhani zanga n'zozizira, andinenapo kuti ndakalamba. Koma sindinaitanidwepo ndi mabwana kuti ndifotokoze chifukwa chimene ndaululira zinsinsi za amayi anzanga pamaso pa ana awo. Dzulo ndaitanidwa. Che Nkhanu tamuchotsa. Sindikutumanso, mwanawe."

Zotsatira ndizinena mwachangu, chifukwa zinachitikanso mwachangu. Pasukulu pano dzina langa linasanduka Che Nkhanu. Ndikamalowa m'kalasi, anyamata a kumbuyo ankang'ung'udza nyimbo ija milomo ili yotseka, kuti aphunzitsi asadziwe woyambitsa. Ndinayamba kujomba. Mayeso a teremu imeneyo ndinalephera maphunziro onse kupatula Chichewa. Kunyumba kunali chete wa amayi. Ndinaganiza kuti nkhope yanga ndi imene ikuwakumbutsa anthu, ndipo ndikachoka adzaiwala n'kuwalandiranso amayi. Tsiku lina amayi ali kumunda ndinanyamula zovala ndi kope ili, n'kupita ku Nkopola kwa msuweni wanga Asiyatu, amene ankagwira ntchito pabala ina pafupi ndi dooko.

Anandipezera ntchito yotsuka matambula. Botolo loyamba ndinamwa kuti nyimbo ija ileke kulira m'mutu, ndipo inalekadi. Vuto la mowa ndi limenelo, anzanga, poyamba umachita zimene walonjeza. Ndinayamba ndi zotsala m'mabotolo a makasitomala. Mowa wa m'botolo utayamba kundichepera ndinapeza kumene amatcheza kachasu kuseri kwa mudzi. Mpango ndinavula. Mapemphero a swala ndinasiya. Mwezi wa Ramadani unandidutsa ndili chiledzerere, ine mwana wa kumadrasa, ndipo tsiku la Idi ndinalidziwira poona ana atavala zatsopano. Mwini bala anandipeza nditagona pansi pa tebulo dzuwa lili paliwombo, matambula ataphwanyika, n'kundichotsa. Asiyatu anandipirira milungu iwiri, kenako anaika chikwama changa panja.

"Ntchito yanga ithe chifukwa cha iwe? Pita kwanu, Hawa."

Sindinapite. Ndinasamukira kudooko. Ndinkasenzera amalonda mabeseni a usipa kuchokera kumadzi kukafika kumsewu, zimene andipatsa n'kukasiya kwa otcheza. Ndinkagona pansi pa thandala, paja amayanikapo nsomba, madzi a usipa akundidonthera. M'kope muno miyezi imeneyo muli masamba ochepa, ndipo zilembo zake n'zopendama. Tsamba lina langolembedwa kuti:

"Sindikudziwa kuti lero ndi lachingati. Sindinadye. Madzi ali phee. Munthu atangoyenda kulowa, osaima, angadziwe ndani?"

Ndawerenga dala pamenepa, chifukwa ndikudziwa kuti m'chipinda muno sindili ndekha amene ndinalembapo kapena kuganizapo zotere. Ngati ukuziganiza panopa, usatuluke nazo pakhomo ilo. A madamu ali pomwepa.

Ndinakhala ku Nkopola miyezi isanu ndi iwiri. Tsiku limene ndikufuna kulinena bwinobwino kunali kotentha, cha m'ma 10 koloko m'mawa. Maboti anali atabwera ndi usipa wambiri, padooko pali piringupiringu. Ndinali ndisanamwe, manja akunjenjemera, ndikusaka wondituma. Ndinaona mayi wina atatembenukira uko, akukangana ndi msodzi za mulingo wa chigoba, mabeseni awiri ali pamapazi pake.

"Ndisenze, mayi?"

Sanacheuke. "Senza. Ukataya ngakhale kamodzi ndikutaya nawe."

Mawuwo ndinawazindikira, koma beseni linali kale pamutu. Anali Abiti Jafali. Ndinayenda patsogolo kuti asandione kumaso. Mchenga unali wotentha, beseni likulemera, ndipo titangopitirira mathandala ndinayamba kudzandira.

"Taima. Tula pansi."

Ndinatula. Anandizungulira, n'kuima kutsogolo kwanga. Anandiyang'ana kuyambira kumutu kopanda mpango mpaka kumapazi ong'aluka.

"Si wolemba uja uyu? Wa pa kanema?"

Anapitiriza.

"Ndiye kanema wake ndi ameneyu? Tinkamva kuti uli ku Blantyre, ukuyenda pa galimoto." Ananunkhiza, n'kubweza mutu. "Ukununkha ngati mgolo."

Ndinafuna kuthawa, koma mphamvu zothawira ndinalibe. Ndinakhala pansi pamchenga pomwepo. Iwo anaitana mayi wogulitsa tiyi, n'kundigulira kapu imodzi ndi mandasi awiri.

"Usaganize kuti ndakukhululukira. Ndikungofuna beseni langa lifike kumsewu."

Kapu inkagunda mano. Anandisiya ndimwe mpaka theka, kenako anakhala pa beseni lopanda kanthu limene analivundikira, n'kuyamba kuyankhula m'Chiyao, motsitsa, kuti odutsa asamve.

"Nyimbo ija tinaisiya. Anandiimbira ine, anawaimbira amayi anga, sindikudziwa anayamba ndani. Chaka chathachi titangoiyamba, anamwali anaphulika kuseka, akuti ya Che Nkhanu. Sitingaimbenso. Unaipha."

"Pepani."

"Pepaniyo usunge, sindinakufunse. Ukudziwa kuti mayi ako anagona masiku asanu ndi malungo nthawi ya dzinja, popanda wowatungira madzi? Anakwawa okha kupita kumjigo. Ndinawaona ndili pakhonde panga."

"Ndiye simunawathandize bwanji?"

Funsolo linangotuluka. Ndinkayembekeza mbama. Iwo anangondiyang'ana, ndipo kwa nthawi yoyamba ndinaona kuti nawonso ndi munthu wotopa.

"Ukuganiza kuti zinandikomera? Abiti Yusufu ndinkadya naye mbale imodzi. Koma mlandu uli chitsegukire, ndipo ine ndekha sindingautseke. Wolakwa ndiwe. Wolowa kutsimba ndiwe, womva malangizo ndiwe, wotulutsa ndiwe. Mlandu wotere umatha wolakwa akabwera yekha, n'kugwada pamaso pa amayi onse, n'kunena ndi pakamwa pake. Tinakudikira sabata yoyamba, yachiwiri. Kenako tikumva wathawa. Ndiye tiumalize ndi ndani? Ndi munthu amene sanalakwe?"

"Ndinkaganiza kuti ndikachoka muwalandira."

"Unkaganiza. Ndiwe woganiza kwambiri iwe, sukulu. Unafunsa ndani?"

Palibe amene ndinamufunsa. Miyezi yonse ija ndikugona pansi pa thandala, ndinkadzitonthoza kuti kuvutika kwangaku ndikuwalipirira amayi, kuti tsiku lililonse ndili kutali ndi tsiku limene iwo akupuma. Chonsecho ndinali nditawatsekera m'nyumba n'kuthawa ndi kiyi. Ndinalira pamenepo, anthu akudutsa ndi mabeseni. Abiti Jafali sanandigwire paphewa. Anadikira, akuthamangitsa ntchentche pa usipa wawo ndi nsonga ya chitenje.

"Wamaliza? Galimoto inyamuka ikadzaza. Ngati ukubwera, senza. Ngati sukubwera, itana wina asenze."

Ndinasenza.

Tsopano ndinene zimene ndinachita, mwina wina zimuthandiza. Sizinayende bwino zonse.

Nditafika kunyumba, amayi anali pakhonde. Anandiona, anadzuka, analowa, n'kuyala mphasa m'chipinda changa chakale. Mawu ayi. Masiku anayi oyamba thupi linkafuna mowa moti ndinkanjenjemera ngati wa malungo, thukuta lili kamukamu, ndikusanza ndi madzi omwe. M'mawa uliwonse ndinkapeza phala pakhomo la chipinda. Tsiku lachitatu mayi woyandikana nafe ananditengera kuchipatala chaching'ono pa njinga, ndipo anamwino anandiuza kuti munthu amene wamwa kwambiri chotere asamasiye ali yekhayekha, n'zoopsa. Muzikumbukire zimenezo. Pitani kuchipatala, musachite manyazi, aona zoposa inu.

Nditapeza mphamvu ndinagwira ganyu yosenza njerwa mpaka ndinagula nkhuku. Ndinavala mpango, n'kupita nayo kwa Abiti Jafali tsiku limene anandiuza. Amayi a msondo anali atadzaza m'nyumba, amayi anga atakhala pakona paokha. Ndinagwada pakati. Ndinali nditakonza mawu ambiri okoma m'kope, koma nditayamba kuti panali kupanikizika kwa nthawi, mayi wina anandidula.

"Sitinabwere kudzaonera sewero. Nena chimene unachita."

Ndiye ndinanena. Ndinadziwa kuti n'zoletsedwa. Ndinatenga. Atandifunsa ndinanama. Nditalakwa ndinathawa. Amayi anga sanadziwe kanthu.

Anandiyankhula mmodzimmodzi, dzuwa mpaka kupendeka, mawondo atachita dzanzi. Zimene ananena zitsale komweko. Pomaliza Abiti Jafali analandira nkhuku, n'kunena kuti mlandu watha. Wina anafunsa za Abiti Yusufu, ngati abwerere kutsimba. Mayi wina wachikulire anati, "Tiona." Kuyambira tsiku limenelo amayi amapatsidwa moni, ndipo pamaliro anthu amakhala nawo pamphasa. Koma tiona uja mpaka lero akuonabe.

Ndinalembera kalata Mayi Chiwaya, masamba anayi. Yankho linabwera pafoni ya a madamu, mizere iwiri. Anati alandira, ndipo ndisasiye kuwerengera ana pansi pa mtengo. Za kunditumanso sananene, ndipo sindikuyembekezera. A madamu ndi amene anandiyendera kunyumba katatu mpaka ndinavomera kubwerera m'kalasi, kukhala ndi ana amene ndinkawaona ali Fomu 1. Tsiku la msika sindidutsa pamsika, ndimazungulira njira ya kudambo ngakhale ndi yaitali, chifukwa ndikudziwa khomo limene fungo la mowa limatulukira. Ndikalandira kandalama ka ganyu sindigona nako, ndimakagula sopo kapena makope tsiku lomwelo.

Ndinagwanso kamodzi. Tchuthi chachikulu chapitachi atsikana analowa kutsimba, ndipo amayi sanaitanidwe. Tsiku lotuluka anamwali ng'oma zinkamveka mudzi wonse, amayi anzawo akudutsa pamsewu atavala zofanana, akululutira. Amayi anakhala kuseri kwa nyumba, msana atalozetsa kumsewu, akusola nandolo. Ndinaona mapewa awo akuyenda pang'onopang'ono motsatira ng'oma, iwo osadziwa. Sindinathe kupirira. Ndinapita ku khomo lija masana omwewo. M'mawa mwake ndinapita kwa a madamu n'kuwauza ndekha asanamve kwa wina, ndipo tinayambiranso kuwerenga masiku osamwa. Lero ndakwanitsa miyezi itatu. Si yambiri, ndikudziwa.

Nthawi yonseyi amayi anali asanandiyankhule. Tinkalima mzere umodzi, kudya mbale imodzi, kuswali chipinda chimodzi. Akafuna mchere ankaloza. Ndikawapatsa moni ankagwedeza mutu. Ndinafika pozolowera, n'kumaganiza kuti mwina tidzakhala choncho mpaka mmodzi adzaike mnzake m'manda.

Mwezi wathawu aphunzitsi a ku pulayimale anandipempha kasewero ka ana a Sitandade 1, ka tsiku lotsekera. Si ka pa kanema, n'kongochitira pabwalo, zidole zake za masokosi akale. Nkhani ndinalemba masiku awiri. Nyimbo inanditengera milungu itatu. Nditamaliza ndinaopa kupita nayo kulikonse. Ndinapeza amayi akupeta mpunga pakhonde, ndinakhala pansi chapatali pang'ono, n'kunena kuti, "Amayi, ndalemba kanthu. Sindikapereka musanamve. Mukapukusa mutu ndikang'amba."

Sanadzuke. Ndinawerenga sewero lonse, lichero likungolira. Nditafika pa nyimbo mawu anandithawa, ndinayamba kawiri, kenako ndinaimba mpaka kumapeto. Lichero linaima. Anatola kamwala mumpunga, n'kukaponya pabwalo.

"Nyimbo yakoyo siikoma," anatero.

Chinali chaka ndi miyezi ndisanamve mawu amenewo akulankhula kwa ine.

"Siikoma ngakhale pang'ono. Koma ndi yako. Kapereke."

N'kupitiriza kupeta.

Ana aja anaiimba tsiku lotsekera, ndipo kumjigo sinafike. Amayi ananena zoona. Kunyumba masiku ano amandiyankhula pang'ono, za madzi, za mbuzi, za nkhuni. Dzina langa sanalitchulebe. Kutsimba sanabwererebe, ndipo mwina sadzabwereranso, chifukwa malo awo ophika anatenga wina. Nyimbo ya amayi aja inafa, ndipo palibe chimene ndingalembe choti chiibweze.

Ndiye sindikuuzani kuti mukabwerera zonse zimabwerera. Ndingokupemphani chimodzi. Ngati pali amene munamusiya kunyumba mukuganiza kuti kuchoka kwanu kukumupumitsa, pitani mukamufunse. Ine sindinafunse, ndipo amayi anga anakwawa kupita kumjigo.

Ndathera pamenepa, a madamu. Zikomo pondimvera.